Matenda a Sarcocystis m'Minofu ya Abakha Akutchire, Ziweto ndi Anthu: Zofunika Kudziwa m'Boma la Phalombe

Mlenje wa mbalame akatumbula bakha wakutchire n'kupeza timizere toyera tonga mpunga titandanda m'chidale, angaganize zoponyera galu nyamayo, kapena kuiwamba msanga kuti wogula asaone. Njira zonse ziwirizi n'zolakwika, ndipo yoyambayo ndi imene imafalitsa matenda. Timizereto ndi timatumba ta tizilombo totchedwa Sarcocystis, timene timakhala m'minofu ya mbalame, ziweto, nyama zakutchire, ndiponso nthawi zina ya anthu. Tizilomboti timayenda kudzera m'zinthu ziwiri: nyama yosapsa ndi chimbudzi. Njira ziwirizi zikatsekedwa, matendawa amasowa podzera.

Chiyambi ndi dzina la matendawa

Sarcocystis si nyongolotsi, ngakhale timatumba take timaoneka ngati timphutsi. Ndi kachilombo kakang'ono kwambiri, ka m'gulu limodzi ndi kamene kamayambitsa malungo ndi kamene kamayambitsa chitopa cha magazi m'matumbo a anapiye. Woyamba kukaona anali Friedrich Miescher, katswiri wa ku Switzerland, amene m'chaka cha 1843 adapeza timizere toyera m'minofu ya mbewa ya m'nyumba. Dzina lakuti Sarcocystis lidaperekedwa ndi katswiri wa ku Britain, Ray Lankester, m'chaka cha 1882, ndipo lidachokera ku mawu awiri a Chigiriki otanthauza mnofu ndi kathumba. Padapita zaka zoposa 120 akatswiri asadamvetse kayendedwe ka kachilomboka; izi zidadziwika bwino m'chaka cha 1972. Lero pali mitundu yoposa 100 ya Sarcocystis yodziwika, ndipo mtundu uliwonse uli ndi zamoyo zake zimene umakonda kukhalamo.

Mmene kachilomboka kamayendera

Kuti kachilomboka kamalize moyo wake, kamafuna zamoyo ziwiri: chodyedwa ndi chodya chinzake.

Chodyedwacho chingakhale bakha, mbuzi, ng'ombe, nkhumba kapena khoswe. Chimatenga matendawa pomeza timbewu ta kachilomboka tili mu udzu, m'matope kapena m'madzi. Timbewuto tikafika m'matumbo timaswa, tizilombo n'kulowa m'mitsempha ya magazi momwe timachulukana. Pambuyo pake timakakhazikika m'minofu, n'kudzimangira timatumba. Kathumba kamodzi kamasunga tizilombo zikwi zambiri, ndipo kangakhale m'mnofumo kwa miyezi kapena zaka.

Chodya chinzakecho chingakhale galu, mphaka, nkhandwe, njoka, mbalame yolusa kapena munthu. Chikadya mnofu wosapsa wokhala ndi timatumba, tizilomboto timaswana m'matumbo mwake, ndipo pakatha sabata imodzi kufikira zitatu timbewu timayamba kutuluka ndi chimbudzi. Timbewuti sitioneka ndi maso. Timatha kupatsira matenda tikangotuluka kumene, ndipo pamalo achinyezi ndi amthunzi timakhala ndi moyo kwa miyezi ingapo. Mvula ikagwa imatikokolera m'madambo, m'zitsime zosavindikira ndi m'malo odyetsera ziweto.

Motero bakha sapatsira bakha mnzake, ndipo mbuzi sipatsira mbuzi inzake. Pakati pawo payenera kukhala chilombo chodya nyama.

Chifukwa chake nkhaniyi ikukhudza Phalombe

Boma la Phalombe lili kum'mwera kwa nyanja ya Chilwa, imene imakhudzanso maboma a Zomba ndi Machinga komanso dziko la Mozambique. Nyanjayi ndi yosaya ndipo ilibe mtsinje wotulutsa madzi. Mitsinje monga Phalombe ndi Sombani imathira madzi ake m'nyanjayi ndi m'madambo ake, pamodzi ndi zonse zimene yatola m'njira. Madambo a njedza ndi bango ozungulira nyanjayi, kuphatikizapo thamanda la Mpoto, ndi malo a mbalame za m'madzi zambirimbiri: abakha akutchire, atsekwe, akakowa ndi zina, ndipo zina mwa izo zimachokera ku Ulaya ndi ku Asia nyengo ya dzinja. Kaamba ka mbalamezi, Chilwa idakhala malo oyamba m'Malawi kulembedwa pansi pa pangano la Ramsar loteteza madambo, limene dziko lino lidalowamo m'chaka cha 1997.

Kwa mabanja ambiri a m'mbali mwa nyanjayi, mbalame ndi ndiwo komanso ndalama. Kusaka kumakula m'miyezi ya njala ndiponso nsomba zikasowa, monga zidachitikira pamene nyanjayi idaphwa m'zaka za 1995 ndi 2018. Mbalame zimasosoledwa pagombe kapena pakhomo, matumbo n'kutayidwa pamene agalu ali pafupi. M'madambo omwewo mumadyanso ng'ombe ndi mbuzi, mumalimidwa mpunga, ndipo asodzi okhala m'zimbowera amamwa madzi a m'nyanja momwemo. Madzi akasefukira, monga nthawi ya namondwe wa Freddy m'mwezi wa Malichi 2023, zimbudzi zimagwa ndipo zonyansa zimasakanikirana ndi madzi akumwa. Zonse zimene kachilomboka kamafuna kuti kayende zimapezeka pamalo amodzi.

Matendawa m'abakha akutchire

Mtundu wodziwika kwambiri m'abakha ndi Sarcocystis rileyi. Timatumba take ndi toyera kapena totuwira, totalika mamilimita ochepa, ndipo timagona motsatira ulusi wa mnofu. Timapezeka kwambiri m'chidale, komanso m'ntchafu ndi m'mapiko. Alenje a ku America ndi ku Ulaya adawapatsa matendawa dzina lotanthauza chidale cha mpunga chifukwa cha maonekedwe amenewa. Ku North America chilombo chomaliza ulendo wa mtunduwu ndi kanyimbi wa kumeneko, pamene ku Ulaya ndi nkhandwe zofiira ndi zilombo zina za mtundu wa agalu.

Abakha amene amadya m'madzi osaya ndi m'matope ndiwo amagwidwa kwambiri kuposa amene amamira pakuya, pakuti timbewu timaunjikana m'mphepete. Abakha akuluakulu ndiwo amapezeka ndi timatumba kawirikawiri kusiyana ndi ana, popeza timatumbato timatenga miyezi kuti tikule. Bakha wogwidwa amaoneka wathanzi, amauluka ndi kudya bwino. Ndi yekhayo wodzazidwa kwambiri amene angafooke. Chifukwa mbalame zambiri zimangososoledwa popanda kusenda khungu, timatumbati sitioneka kufikira nyama itadulidwa.

Mtundu wa m'abakhawu sukudziwika kuti umadwalitsa anthu, ndipo kuphika bwino kumaupha. Komabe nyama yodzala ndi timatumba si yoyenera kugulitsidwa: ikaphikidwa imakhala ngati ili ndi mchenga, ndipo wogula ali ndi ufulu woikana.

Matendawa mwa anthu

Munthu angadwale m'njira ziwiri zosiyana.

Yoyamba ndi ya m'matumbo. Imabwera munthu akadya nyama ya ng'ombe yosapsa yokhala ndi Sarcocystis hominis, kapena ya nkhumba yokhala ndi Sarcocystis suihominis. Ambiri samva kanthu. Ena amamva nseru, kupweteka m'mimba, kusanza ndi kutsegula m'mimba patangopita maola ochepa kapena tsiku limodzi, ndipo vutoli limatha lokha pakapita masiku owerengeka. Koma munthuyo amapitiriza kutulutsa timbewu m'chimbudzi chake kwa masabata kapena miyezi, ndipo akadzithandiza patchire amapatsira ng'ombe ndi nkhumba.

Yachiwiri ndi ya m'minofu, ndipo ndi yosowa koma yovuta. Siibwera chifukwa chodya nyama. Imabwera munthu akameza timbewu tochokera m'chimbudzi cha chilombo china, kudzera m'madzi osawiritsa kapena m'ndiwo zamasamba ndi zipatso zosatsuka. Apa munthu amakhala ngati bakha kapena khoswe: timatumba timamera m'minofu yake. Zizindikiro zimayamba pakatha sabata imodzi kapena ziwiri: kutentha thupi, litsipa, kutopa ndi kuphwanya m'thupi. Zimatha kuleka kenako n'kubweranso, ndipo pakatha pafupifupi mwezi minofu imatupa ndi kupweteka kwambiri, nthawi zina ngakhale ya nsagwada.

Miliri yodziwika bwino ya mtundu umenewu idachitika ku Malaysia, kum'mwera chakum'mawa kwa Asia. M'zaka za 2011 ndi 2012 alendo ambiri okacheza pachilumba cha Tioman adabwerera kwawo akudwala. M'mwezi wa Januwale 2012, pachilumba cha Pangkor, anthu 89 mwa 92 amene adali pamsonkhano umodzi adadwala, ndipo m'minofu ya ena mudapezeka Sarcocystis nesbitti, mtundu umene umboni ukusonyeza kuti umatuluka m'chimbudzi cha njoka. Phunziro la miliriyi likugwiranso ntchito m'madambo a Chilwa: choopsa chachikulu kwa munthu chili m'madzi amene akumwa, osati m'chidale cha bakha.

Popeza zizindikirozi zimafanana ndi za malungo, wodwala aliyense ayenera kuyezetsa magazi kuchipatala. Ngati malungo sanapezeke, kapena mankhwala a malungo atha koma minofu ikupwetekabe, wodwalayo abwerere kuchipatala ndipo afotokoze za madzi amene amamwa ndi malo amene amagwira ntchito. Madokotala amatsimikiza matendawa poyeza magazi ndi kuunika kachidutswa ka mnofu pa maikulosikopu. Palibe katemera, ndipo mankhwala amene amathandiza ena ayenera kulembedwa ndi dokotala. Wodwala matenda a m'minofu sapatsira anthu ena.

Matendawa m'ziweto

Mlimi ndiye amene amaluza kwambiri. Mitundu yochokera m'chimbudzi cha agalu ndiyo yoopsa ku ziweto: Sarcocystis cruzi ku ng'ombe, Sarcocystis capracanis ku mbuzi, Sarcocystis tenella ku nkhosa ndi Sarcocystis miescheriana ku nkhumba. Ziweto zambiri zimakhala nato tizilomboti popanda chizindikiro, koma chiweto chikameza timbewu tambiri nthawi imodzi chimatentha thupi, chimaleka kudya, chimaonda, magazi amachepa, mkaka umatsika, ndipo chabere chimatha kupoloza. Timatumba ta mitundu imeneyi ndi tating'ono kwambiri moti sitioneka ndi maso. Timene timaoneka, makamaka pakhosi pa nkhosa ndi m'minofu ya ng'ombe, nthawi zambiri ndi tochokera kwa amphaka. Choncho nyama yooneka bwino si umboni wakuti ilibe tizilombo.

Kusiyanitsa ndi timatumba ta njoka za m'mimba

M'nyama ya nkhumba mumapezeka timatumba tina timene alimi a m'chigawo chakum'mawa kwa Zambia amatitcha masese. Timeneti ndi tobulungira, tamadzi m'kati, tokhala ndi kadontho koyera, pamene ta Sarcocystis ndi totalika ngati mpunga kapena ulusi. Masese ndi ana a njoka ya m'mimba yotchedwa Taenia solium. Munthu wodya nyama yotere isanapse amakhala ndi njokayo m'matumbo, ndipo mazira ake akamezedwa ndi munthu amatha kufika mu ubongo n'kuyambitsa khunyu. Nyama ya nkhumba yokhala ndi timatumba ta mtundu uliwonse isadyedwe kapena kugulitsidwa mlangizi wa ziweto asanaione.

Zoyenera kuchita

Alenje a mbalame ang'ambe pang'ono khungu la pachidale n'kuyang'ana mnofu asanagulitse. Mbalame yodzala ndi timatumba, pamodzi ndi matumbo a mbalame zonse, zitenthedwe kapena zikwiriridwe m'dzenje lakuya limene galu sangafukule, zisatayidwe m'madzi. Mbalame yopezeka itafa yokha kapena ikudwala isatoledwe, pakuti ingakhale ndi chimfine cha mbalame kapena poizoni. Alenje akumbukirenso kuti lamulo loteteza nyama zakutchire limafuna chilolezo chosakira mbalame, ndipo malo oswanira mbalame amene magulu a alenje adapatula ayenera kulemekezedwa.

Ogulitsa nyama m'misika monga ya Migowi, Chiringa ndi pa boma, komanso pamagombe monga Swang'oma, agulitse nyama yokhayo imene yayezedwa. Ootcha kanyenya ndi okazinga pachiwaya adule nthuli zing'onozing'ono ndi kuzipsetsa mpaka m'kati musakhale pofiira. Kutentha kwa madigiri 70 kwa mphindi 15 pakati penipeni pa nthuli kumapha tizilomboti, monganso kuumitsa nyama m'firiji yozizira madigiri 20 pansi pa ziro kwa tsiku lathunthu kapena kupitirira. Kuwamba pang'ono pautsi sikokwanira.

Alimi asapatse agalu ndi amphaka nyama yaiwisi, matumbo, ana opolozedwa kapena chiweto chofa chokha. Agalu asagone m'khola, pamulu wa madeya kapena pomwera ziweto. Nkhumba zikhale m'khola, kutali ndi chimbudzi cha anthu.

Mabanja agwiritse ntchito chimbudzi nthawi zonse, asambe m'manja ndi sopo akagwira nyama yaiwisi, atsuke ndiwo zamasamba ndi madzi aukhondo, ndipo avindikire zitsime. Mankhwala a klorini ndi ofunika popewa kolera ndipo asalekedwe, koma timbewu ta Sarcocystis tili ndi chikhungwa cholimba chimene klorini sachigonjetsa mokwanira. Madzi otungidwa m'nyanja, m'dambo kapena pachitsime chosatetezedwa awiritsidwe asanamwedwe.

Kokanena

Aliyense wopeza timatumba m'nyama ya chiweto kapena ya mbalame adziwitse mlangizi wa ziweto wa m'dera lake kapena ofesi ya zaulimi ya boma la Phalombe, kuti nyamayo iyezedwe. Mbalame zakutchire zikamafa zambiri pamalo amodzi, mfumu ya m'deralo, a ziweto ndi a nthambi yoona za nyama zakutchire auzidwe tsiku lomwelo. Za matenda a anthu zipite kwa mlangizi wa zaumoyo wa m'mudzi kapena kuchipatala chapafupi.