TIMU YA SUKULU IMENE INAPOSA MIZINDA: ST PAUL'S MUSAMI M'CAKA CA 1966

Kum'mawa kwa mzinda wa Harare, umene kale unkachedwa Salisbury, m'boma la Murewa, kuli misyoni ya Akatolika dzina lace St Paul's Musami. Anaiyamba ndi ansembe a Cijezuiti, ndipo pa misyonipo panali chalichi, cipatala, sukulu ya ana ndi sukulu yophunzitsa aphunzitsi. Malowo ndi a kumudzi ndithu. Koma m'caka ca 1966 timu ya mpira wa miyendo ya pa misyoni imeneyi inaposa matimu onse a m'mizinda, nikhala katswiri wa dziko lonse la Rhodesia, limene lero ndi Zimbabwe.

Kuti munthu azindikire kukula kwace kwa cinthuci, ayenera kuyamba wadziwa m'mene dzikolo linagawidwira. Lamulo la malo la 1930 linapatsa Azungu pafupifupi theka la dziko, pamodzi ndi nthaka yabwino yambiri, ndipo eni dziko anawasiyira zigawo zimene zinkachedwa marizevu. Musami inali m'cigawo cotere, m'dziko la mfumu Mangwende, cakumpoto kwa mapulazi a fodya a ku Macheke ndi ku Marandellas, kumene tsopano ndi Marondera. M'mapulazi a ku Mashonaland munali anchito ambiri ocokera ku Nyasaland, ku Northern Rhodesia ndi ku Tete. Ena anadza ndi Mthandizi, ena anayenda okha ulendo wa pansi, ndipo ambiri a iwo anasanduka machona. Tsiku Lamulungu m'makomboni munkakhala gule ndi mpira, koma mpira wa pa pulazi unkathera pa pulazi pomwepo. Ulemu wonse wa masewerawa unali m'mizinda.

Mpikisano wa dziko lonse, umene umachedwa ligi, unayamba m'caka ca 1962, masiku a Citaganya asanathe. Zaka zinai zoyambazo ukatswiri unkangosinthana pakati pa mizinda iwiri. Bulawayo Rovers inapambana mu 1962 ndi mu 1964. Dynamos ya ku Salisbury, imene inayambika mu 1963, inapambana caka comweco ndiponso mu 1965. Izi sizinali zodabwitsa, pakuti m'mizinda ndimo munali mafakitale olemba anyamata nchito, mabwalo aakuru, njanji, ndi khamu la anthu olipira ndarama pa cipata. Mnyamata wa kumudzi wodziwa mpira akafuna kuchuka, njira yace inali imodzi: kunyamuka kunka ku tauni.

Munthu amene anatembenuza njira imeneyi anali wansembe wa pa Musami, Bambo Davis. Iye analibe fakitale kapena mgodi, koma anali ndi cinthu cimene makolo ndi anyamata a masiku aja ankacilakalaka koposa, ndico sukulu. Malo a maphunziro apamwamba a ana acikuda anali owerengeka, ndipo mnyamata wopeza malo otere ankaoneka wamwai. Tsono Bambo Davis anasonkhanitsa anyamata aluso pa mpira, nawapezera malo ophunzira kapena nchito pa misyoni. Kotero osewera ace ankakhala pamalo amodzi, nazolowerana mapazi tsiku ndi tsiku, pamene anzao a m'tauni ankakomana madzulo atatopa kale ndi nchito za kwa mabwana osiyanasiyana.

Mwa osewera a timuyo munali Jawet Nechironga, amene mwana wace George anadzasankhidwa kukhala wosewera wopambana wa caka ca 1990 pamodzi ndi Peter Ndlovu. Nayenso George Shaya anapitira m'manja mwa Bambo Davis pa Musami asanakachuke ku Dynamos. Iyeyu anasankhidwa kukhala wosewera wopambana kasanu, mu 1969, 1972, 1975, 1976 ndi 1977.

Pali kusiyana pakati pa cikho ndi ligi, ndipo apa ndipo pagona ulemu wa St Paul's. Pa mpikisano wa cikho timu yaing'ono ikhoza kucita mwai masana amodzi, nigwetsa timu yaikuru ndi cigoli cimodzi. Koma ligi imatha miyezi yambiri. Timu imasewera kwao ndi kwa eni, m'cisanu ndi m'cilimwe, osewera ena atapweteka, ndipo wopambana ndi iye amene waunjika mapointi ambiri pakutha pa zonse. Mwai sukhalitsa miyezi yonseyo. Cimene cinanyamula St Paul's mu 1966 cinali kulimbika ndi mwambo. Ndipo caka comweco Castle Cup inanka ku Mangula, timu ya pa mgodi wa mkuwa umene unali pakati pa mapulazi a ku Lomagundi, kumene kunacokera abale ochuka a banja la Chieza. Motero mphoto ziwiri zazikuru zonse zinaturuka m'mizinda m'caka cimodzi.

Komabe cimwemweco cinadza pa nthawi yobvuta. Pa 11 November 1965 boma la Ian Smith linali litadzilamulira lokha popanda cilolezo ca Britain, ndipo maiko a mu Afrika anaitsekera Rhodesia zitseko. Cifukwa cace akatswiri a pa Musami sanapeze mpata wokayesana mphamvu ndi akatswiri a maiko ena, ndipo mu 1970 bungwe la FIFA linaimitsa Rhodesia pa mpira wa dziko lonse lapansi. St Paul's sinapambanenso ligi. Nkhondo ya ufulu itafika m'midzi ya ku Murewa, dzina la Musami linamvekanso ponseponse, koma pa nkhani yacisoni: pa 6 February 1977 amisyoni 7 anaphedwa ndi mfuti pa misyonipo, atatu a Cijezuiti ndi masisitere anai a Cidominiko.

Kukula kwa cimene anyamata aja anacita kunaoneka bwino m'zaka zotsatira. Kuyambira 1967 ukatswiri unabwerera ku Salisbury ndi ku Bulawayo, nukhazikika komweko, ufulu wa 1980 usanadze ndiponso utadza. Panapita zaka 51 kuti timu yina ya kunja kwa mizinda iwiriyo ipambane ligi. Imeneyo inali FC Platinum ya ku Zvishavane, mu 2017. Pambuyo pace Ngezi Platinum inapambana mu 2023, ndi Simba Bhora ya ku Shamva mu 2024. Matimu atatuwa ndi a m'madera a migodi, kumene kumayenda ndarama za platinamu ndi golidi. Timu ya pa Musami inali ndi bwalo la kumudzi, wansembe mmodzi wokonda mpira, ndi anyamata amene anadza kudzafuna maphunziro.