Madambo a ku Chiputula ndi Mbiri Yake

Munthu wofika ku Mzuzu, akatsika basi ndi kuyenda pansi kulowera ku Chiputula, amaona nyumba zothithikana, timisika ta tomato ndi usipa, ana a sukulu ndi njinga za kabaza. Akatsetsereka ndithu, amafika pamene dothi lofiira lithera, nipayamba dothi lakuda. Pamenepo nyumba zambiri zili ndi ngalande m'mbali mwake, ndipo pakhomo pamakhala kathabwa kowolokerapo. Mlendo angayese kuti ngalandezo nzochotsa madzi a mvula okha. Koma ngakhale m'chilimwe, pansi pa ngalande zina pamakhala ponyowa. Malo otsika amenewo anali dambo, ndipo nkhani yathu ndi ya m'mene damboli linasandukira mudzi wa anthu.

Dambo ndi nkhokwe ya madzi

Tiyambe taona m'mene dambo ligwirira ntchito, pakuti wosadziwa ichi sangamve mbiri yotsatirayi. Mzuzu uli pamwamba, kumapiri a Viphya, mamita oposa 1,200 kuchokera pa nyanja yamchere. Mvula ya kuno ndi yambiri ndipo imachedwa kuleka: anzathu a kumwera akamakolola, kuno imakhala ikugwabe mpaka April, nthawi zina mpaka May. Madzi ogwa pamitunda amalowa m'dothi lofiira, natsikira pang'onopang'ono kuzigwa. Kuchigwako amapeza dongo pansi, ndipo dongo sililola madzi kupyola. Tsono madziwo amakhala m'dothi lakuda ndi m'mizu ya udzu, monga m'mene thonje ligwirira madzi, natuluka pang'onopang'ono chaka chonse kunka kumtsinje wa Lunyangwa.

Makolo sankamanga m'dambo. Ankamanga pamtunda, nalisiya dambo kuti liwatumikire. Ankamweta udzu wofolera m'mphepete mwake, nadula bango ndi mlulu wolukira mphasa ndi mikeka. Amayi ankatapako dongo loumbira mbiya. M'chilimwe ng'ombe zinkapezako msipu, ndipo madimba a ndiwo ndi chimanga chachiwisi ankapulumutsa mabanja nkhokwe zikapepuka. Akuluakulu amanenanso kuti dzina lakuti Mzuzu linachokera ku mawu akuti vizuzu, zomera za m'mbali mwa Lunyangwa, koma Azungu analephera kuwatchula bwino. Ngati zili tero, ndiye kuti mzinda wonse unatenga dzina ku zomera za m'madzi.

Mtengo umene unabala tauni

Kale kuno kunalibe tauni. Boma linali ku Mzimba, mishoni inali ku Ekwendeni kuyambira 1889, ndipo doko linali ku Nkhata Bay. Zinthu zinasintha itatha nkhondo yachiwiri ya dziko lonse. Cha m'ma 1947 Angerezi anayamba kutsegula minda yaikulu ya mtengo wotchedwa tung, ndipo bungwe la Colonial Development Corporation, limene linakhazikitsidwa mu 1948, linatenga ntchitoyo. Mtengo wa tung kwawo ndi ku China. Mbewu zake zimatulutsa mafuta osadyedwa, opangira penti ndi vanishi. Anthu anabwera kudzalembedwa ntchito yogwetsa nkhalango ndi kubzala mitengo, ndipo pamene pali antchito pamabwera sitolo, msika ndi tchalitchi. M'zaka za m'ma 1950 boma linasamutsira kuno likulu la chigawo cha kumpoto.

Tung sunalemeretse eni ake. Mafuta ake anatsika mtengo pamsika wa dziko lonse, ndipo minda inasiyidwa. Koma tauni inatsala, ndipo inakulirakulira.

Makina m'dambo la Limphasa

Pali chinthu china chimene bungwe lomwelo linachita, ndipo chikhudza nkhani yathu. Antchito a m'minda ya tung anafunika chakudya. Tsono akuluakulu a bungwelo anayang'ana kumunsi, kunjira ya ku Nkhata Bay, naona dambo lalikulu la Limphasa. Anati alilime ndi mathirakitala, abzale mpunga wambiri. Papepala nzeruyo inali yokoma. Koma makina olemera sayenda bwino m'matope, ndipo madzi sanamvere monga anayembekezera. Ndalama zinalowa zambiri, mpunga unatuluka wochepa, ndipo patapita zaka zowerengeka ntchitoyo inalekeka.

Dziko litalandira ufulu mu 1964, boma la Malawi linabwerera ku Limphasa ndi nzeru ina. Linakonza ngalande zothirira, nagawira alimi wamba timinda ta mpunga. Mlimi wa khasu safuna kuti dambo liume. Afuna madzi alowe pa nthawi yake ndi kutuluka pa nthawi yake. Mpunga wa ku Limphasa ukulimidwabe.

Kumene Angerezi anaphunzira kuumitsa madambo

Wina angafunse kuti, kodi Angereziwo anautenga kuti mtima wofuna kugonjetsa dambo? Anachoka nawo kwawo. Kum'mawa kwa England kuli chigwa chachikulu chotchedwa Fens, chimene kale chinali chithaphwi cha bango, nsomba ndi abakha. Timatauni ta misika, monga Ely, tinali pazitunda zozingidwa ndi madzi. Mu 1630 anthu achuma, motsogozedwa ndi mfumu ya ku Bedford, anapangana zoumitsa chigwacho, ndipo katswiri wa ntchitoyo anali Cornelius Vermuyden wa ku Holland. Anakumba mitsinje yowongoka, wina wotalika mamailosi 21. Asodzi ndi osaka mbalame anakwiya pakuona kuti chakudya chawo chikutha, ndipo ena ankagumula mipanda ya madzi usiku.

Minda inaoneka, yachonde ndithu. Koma panabuka chinthu chimene eni ntchito sanachiganizire. Dothi la m'chithaphwi ndi zomera zakale zimene madzi anaziletsa kuolerana. Likauma limafota, limaola, ndipo mphepo imaliulutsa. Kotero nthaka inayamba kutsika, kufikira minda inakhala pansi, mitsinje pamwamba. Anthu anayamba kukweza madzi ndi makina oyendera mphepo, kenaka a nthunzi, kenaka a dizilo ndi magetsi. Cha m'ma 1851, pamalo otchedwa Holme, anakhoma mzati wachitsulo mpaka mutu wake unalingana ndi nthaka. Lero mzatiwo waima pamtunda pafupifupi mamita 4, kutalika kwa amuna awiri wina ataima pamapewa a mnzake ndi kupitirira. Ndipo mu March 1947, chaka chomwe nkhwangwa zinali kulira kuno ku Viphya, madzi anasefukira ku Fens namiza minda ndi nyumba zambiri.

Khasu ndi chikombole

Tibwerere kwathu. Madambo a ku Chiputula sanaumitsidwe ndi katswiri wochokera kutali, ndipo palibe mwala wolembedwa tsiku limene ntchitoyo inayamba. Anaumitsidwa ndi anthu wamba, banja ndi banja, ndi khasu, fosholo ndi wilibala.

Chimene chinawatsitsira kudambo ndi kuchuluka kwa anthu. Pa kalembera wa 1966 mu Mzuzu munali anthu oposa pang'ono 8,000. Mu 1977 anali 16,000, ndipo mu 1987 anapitirira 44,000. Pakati pa zakazi, mu 1985, Mzuzu unalandira ulemu wa mzinda. Kalembera wa 2018 anapeza anthu 221,272. Taganizani, owerenga: pamene panali munthu mmodzi, patapita zaka 52 panali anthu oposa 25. Mitunda yabwino inali itatengedwa kale ndi maofesi, masukulu, matchalitchi ndi nyumba za anthu olandira malipiro abwino. Mlonda, wogulitsa makala, mayi wamasiye wochokera ku Rumphi, Karonga kapena Chitipa anafuna malo otchipa, ndiponso apafupi ndi msika kuti aziyenda pansi. Chiputula ndi Chibavi zili pafupi ndi pakati pa tauni. Kumtunda kwake kutadzaza, otsala anatsikira kumunsi.

Ntchito yake imayenda motere. Poyamba munthu amalima dimba, nakumba ngalande zazing'ono kuti mbewu zisafe ndi lowe. Ngalande zikachotsa madzi apamwamba, udzu wa m'dambo umatha, ndipo pansi pamayamba kulimba. Kenaka pamabwera oumba njerwa, pakuti m'dambo muli zonse ziwiri zimene chikombole chifuna, dothi ndi madzi. Njerwa zikaotchedwa, mwini malo amathira dothi, zibuma ndi zinyalala kuti akweze pomangapo, naimika nyumba. Ena amabzala bulugamu, mtengo wakumwa madzi kwambiri, kuti pansi paumirepo. Mnansi wake akaona kuti nyumbayo yatha dzinja limodzi osagwa, nayenso amamanga kumunsi kwake.

Sitiyenera kuwanyoza anthu amenewa. Ine ndiyesa kuti ntchito imene anagwira ndi manja ndi yaikulu, ndipo anaigwira opanda ngongole ya boma kapena thirakitala. Koma pali kusiyana kumodzi ndi ntchito ya Vermuyden. Iye anayesa chigwa chonse, nakumba mitsinje yonyamula madzi a onse. Kuno aliyense anakumba yakeyake. Ngalande ya munthu imathera pamalire a poloti yake, ndipo madzi amene iye wawachotsa amakagogoda pakhomo la mnzake. Milandu ina ya m'dzinja imene mafumu a m'tauni amaweruza m'malo otere imayambira pamenepa.

Palinso vuto lobisika pansi. M'dambo madzi ali pafupi, kotero chitsime sichivuta kukumba, ndipo banja losakhoza kulipira madzi a m'mpopi limakondwera nacho. Koma chimbudzi chokumba nacho chimafika pa madzi omwewo. Poloti ikakhala yaing'ono, chitsime ndi chimbudzi zimayandikana, ndipo m'dzinja zonyansa zimayenda pansi pa nthaka osaoneka. Ndicho chifukwa chake alangizi a zaumoyo amalimbikira kunena kuti madzi a m'zitsime zotere aziwiritsidwa kapena kuthiridwa mankhwala, makamaka chiyambire kolera wa 2022 ndi 2023, amene anapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno.

Mvula ya April 2016

Dambo likadali ndi udzu wake, mvula yamphamvu imafika ndi kukhala, nituluka mwaulemu. Koma mitunda yozungulira itadzala malata, misewu ndi mabwalo osesedwa, madzi saonanso polowera. Amathamanga onse nthawi imodzi kunka kuchigwa, ndipo kuchigwako amapeza makoma m'malo mwa udzu.

Izi zinaoneka poyera mu April 2016. Chaka chimenecho mvula inavuta m'zigawo za pakati ndi kumwera, chimanga chinapserera, ndipo Pulezidenti Peter Mutharika analengeza m'mwezi womwewo kuti dziko lili pa ngozi ya njala. Koma ku Mzuzu mvula inagwa masiku otsatizana osapuma. M'malo otsetsereka dothi linagumuka, ndipo m'malo otsika madzi analowa m'nyumba. Nyumba zambiri za m'madera a anthu osauka ndi za njerwa zomangira matope, ndipo zina ndi za zidina zosaotcha. Khoma lotere likaima m'madzi masiku awiri kapena atatu limafewa kunsi, kenaka limagwa lonse, kawirikawiri usiku anthu ali m'tulo. Anthu anafa, nyumba zambirimbiri zinagwa, ndipo mabanja anakagona m'masukulu ndi m'matchalitchi. Chiputula ndi Chibavi zinali m'gulu la madera okhudzidwa.

Madzi ataphwa, panamveka mawu akuti anthu achoke m'madambo, akakhale kumtunda. Mawuwo ndi anzeru, koma malo atsopano amakhala kutali ndi msika, ndipo munthu wodya za tsiku lomwelo sangathe kulipira galimoto m'mawa ndi madzulo. Ambiri anatola njerwa zimene zinatsala, namanganso pomwepo. Amene anali ndi kangachepe anagula simenti, nakweza maziko kufika m'mawondo.

Ku Fens, zidzukulu za oumitsa chithaphwi zinayamba mu 2001 kugula minda ina pafupi ndi mzati wa ku Holme, ndi kubwezeramo madzi ndi bango. Iwo ali ndi chuma chochitira zimenezo, ndipo m'mindamo simunali nyumba zambiri. Ku Chiputula m'dambo muli anthu, ana awo anabadwira momwemo, ndipo ena sadziwa n'komwe kuti pamene pali chipinda chawo pankamera mlulu. Chaka chilichonse, mitambo ikayamba kusonkhana mu November, mumaona abambo ndi anyamata atapinda mathalauza, ali m'ngalande ndi makasu, akuvuula matope ndi mapepala apulasitiki kuti madzi akabwera apeze njira.