Luso Losema Diso ndi Mbiri ya Malangizo Ake

Munthu amene wachitidwa opaleshoni ya laser pofuna kusiya magalasi, akamatuluka m'chipinda cha dokotala patangopita mphindi 20 chilowereni, amapatsidwa timabotolo ta mankhwala odontheza m'maso, zotchinga zogona nazo usiku, ndi kapepala ka malangizo kamene ambiri amakapinda ndi kukaiwala m'thumba, popeza maso ayamba kale kupenya ndipo mtima uli pa chimwemwe. Komatu kapepala kameneko sikoyenera kukapeputsa, pakuti mwa malamulo onse olembedwamo palibe ndi limodzi lomwe limene munthu anangolilota ali pampando. Lililonse linadza pambuyo poti wina wavulala, wina wamva ululu, ndipo mwina wina wataya kupenya komwe anapita kukakukonzetsa.

Kale lomwe, asing'anga a maso a ku India, ku Arabia ndi ku Ulaya ankachiza ng'ala poikankhira pansi ndi singano kuti ichoke pa njira ya kuwala, ndipo chimene chinkapha maso ambiri, kuposa singanoyo, chinali masiku otsatira, pamene diso linkatupa ndi kuchita mafinya popanda wodziwa chochita. M'chaka cha 1750 mu mzinda wa Leipzig, katswiri wopeka nyimbo uja Johann Sebastian Bach anadzipereka kawiri m'manja mwa Mngelezi wina woyendayenda, John Taylor, amene chisamaliro chake kwa odwala chinali kuwachotsa magazi ndi kuwamwetsa mankhwala otsegula m'mimba. Bach anakhala wakhungu kotheratu, namwalira pa 28 July chaka chomwecho. Nyengo yomweyo Mfalansa Jacques Daviel anaonetsa kuti ng'ala ingathe kuchotsedwa kwathunthu pocheka diso, koma bala lake linali lalikulu ndipo ulusi wosokera chinthu chosalimba chotero kunalibe. Chifukwa cha ichi, kwa zaka pafupifupi 200, wochitidwa opaleshoni ya maso ankagonekedwa chagada m'chipinda chamdima kwa sabata kapena kupitirira, maso onse awiri atamangidwa nsalu, mutu utapanikizidwa pakati pa matumba amchenga, namwino akumdyetsa phala ndi kumletsa ngakhale kutsokomola. Nkhanza zinalipo m'chisamaliro chimenecho, koma munalinso nzeru iyi, yakuti kuchira kwa diso kunali udindo wa chipatala, ndipo wodwala sankasiyidwa yekha ndi manja ake.

Onsewa ankacheka maso odwala. Maganizo ocheka diso labwinobwino, limene vuto lake n'kusaona patali kokha, anadza mochedwa, ndipo anadza ndi mtengo wake. Kutsogolo kwa diso kuli kachikopa koonekera mbee, kamene madokotala amakatcha cornea, kochindikala theka la milimita basi, kopanda mtsempha wa magazi ndi umodzi womwe, koma kamene kamagwira magawo awiri mwa atatu a ntchito yokhotetsa kuwala kuti chithunzi chikagwere bwino kumbuyo kwa diso. Tsono anzeru anati, ngati kachikopa kameneka katapwamiritsidwa pang'ono, kodi magalasi adzafunikanso? Dokotala Tsutomu Sato wa pa yunivesite ya Juntendo ku Tokyo, kuyambira cha m'ma 1939 mpaka m'zaka za m'ma 1950, anatema mphini pa cornea, kunja ndi m'kati momwe, ndipo odwala ake anapita kwawo akuyamika. Iye sanadziwe kuti ntchito ya mzere umodzi wa maselo umene uli kunsi kwa cornea ndi kupopa madzi kuti kachikopako kakhalebe koyera, ndi kuti maselo amenewo akafa saphukanso. Sato anamwalira mu 1960 asanaone zotsatira zonse. Koma patapita zaka 10, kwa ena 20, maso a ambiri mwa anthu aja anatupa ndi kuchita chifunga. Phunziro limene linatuluka m'chisoni chimenechi ndi lakuti diso lochekedwa siliweruzidwa m'mawa mwake, ndipo n'chifukwa chake dokotala wokhulupirika amaitana munthu kuti abwerenso ngakhale akuona bwino.

Ku Bogotá, m'dziko la Colombia, José Ignacio Barraquer anatsata njira ina m'zaka za m'ma 1960: ankasenda kachigawo ka cornea, kukaumitsa ndi chisanu, kukasema pa makina, ndi kukabwezera pamalo pake. Inali ntchito yovuta imene ochepa okha anaitha, koma ndiyo kholo la zonse zimene zikuchitika lero. Amene anatchuka kuposa iye anali Svyatoslav Fyodorov wa ku Moscow, amene kuyambira mu 1974 anadzutsanso mphini za Sato, koma akutema kunja kokha, mizere yochokera pakati kupita m'mbali. Chipatala chake chinkayendetsa odwala pa makama oyenda, dokotala aliyense akuchita gawo lake lokha, ndipo anthu ochuluka zedi ku Russia ndi ku America anachitidwa opaleshoniyo. Pamene boma la America linalipirira kafukufuku wotchedwa PERK, motsogozedwa ndi George Waring, zotsatira za zaka 10 zimene zinatuluka mu 1994 zinasonyeza kuti maso 43 mwa 100 alionse anali atapitirira kusintha, kotero kuti amene anathawa magalasi oonera patali anayamba kufuna oonera pafupi nthawi isanakwane. Mu May 1996, pa phiri la Everest, dokotala wina wa ku Texas, Beck Weathers, amene anachitidwa opaleshoni yomweyi, anapeza kuti pamwamba paja, pomwe mpweya ndi wochepa, maso ake aleka kuona. Namondwe anampeza asanatsike, ndipo ngakhale anapulumuka, anataya dzanja lamanja, zala za kumanzere ndi mphuno. Bala la cornea limatseka, koma mphamvu yake yoyamba silibwezeretsa.

Laser inalowa m'mbiri imeneyi kudzera pa khomo losayembekezeka. Mu November 1981, akatswiri atatu a kampani ya IBM ku New York, Rangaswamy Srinivasan, Samuel Blum ndi James Wynne, amene ntchito yawo sinali ya zachipatala, anayesa kuwala kwa laser yotchedwa excimer pa zotsala za nkhukundembo ya paphwando, naona kuti kuwalako kukusema mnofu mwaudongo osatentha za m'mbali. Mu 1983 Stephen Trokel wa pa yunivesite ya Columbia anachita chimodzimodzi pa maso a ng'ombe; Theo Seiler anayesa pa anthu ku Berlin; ndipo mu 1988, ku New Orleans, Marguerite McDonald anasema diso lopenya la mayi wina amene, podziwa kuti disolo lichotsedwa chifukwa cha khansa, analipereka mwaufulu kuti ena akapindule. Mayi ameneyo ngoyenera kumkumbukira ndi ulemu, pakuti anapereka chimene iye mwini sakanakolola.

Njira yoyamba ya laser, imene imatchedwa PRK ndipo boma la America linaivomereza mu 1995, imapala khungu lapamwamba la cornea laser isanagwire ntchito, ndipo khungulo limatenga masiku 3 mpaka 5 kuti limerenso. Masiku amenewo ndi a misozi ndi kuopa kuwala, ndipo kupenya kumabwera pang'onopang'ono, monga zinamchitikira wakhungu wa ku Betsaida wa m'Baibulo, amene sanaone zonse bwino pa kukhudzidwa koyamba. Madokotala anaona kuti ena amachita kachifunga pa cornea patapita miyezi, makamaka okhala kumaiko a dzuwa lamphamvu, ndipo apa ndi pamene panachokera lamulo la magalasi akuda, limene achinyamata amaliyesa la fashoni, pamodzi ndi mankhwala oletsa kutupa amene amadonthezedwa kwa masabata. Koma mankhwala omwewo, mwa anthu ena, amakweza mphamvu ya madzi a m'diso mwakachetechete, popanda ululu uliwonse, kufikira kuwononga mtsempha wopenyera. Chotero kuwapitiriza mwa iwe wekha n'koopsa, kuwasiya mwadzidzidzi n'koopsanso, ndipo woyenera kulamula ndi amene ali ndi chida chopimira.

Pofuna kuthawa ululu wa PRK, Ioannis Pallikaris wa pa chilumba cha Crete ku Greece, cha m'ma 1990, anaphatikiza nzeru ya Barraquer ndi laser, natcha njirayo LASIK: amasenda kachivindikiro kopyapyala osakadula konse, asema pansi pake, ndi kukabwezera popanda ulusi, ndipo kamamatira kokha monga tsamba lonyowa limamatirira pa mtsuko. Munthu amaona m'mawa mwake, ndipo pomwepo mpamene pagona msampha, pakuti amene sakumva kupweteka amaiwala kuti ali ndi bala. Oyamba amene anafikisa m'maso ali m'tulo anadzuka kachivindikiro katakwinyika kapena katasuntha, ndipo ndiwo anatisiyira lamulo logona ndi zotchinga sabata yoyamba. Ena analowetsa tizilombo tokhala m'madzi, timene tikabisala pansi pa kachivindikiro mankhwala satifikira msanga. Kuchokera kwa iwo tinalandira lamulo losasambira m'dziwe kapena m'nyanja kwa masabata awiri kapena kuposa, losalola madzi osamba kulowa m'diso, ndi losadzola zokongoletsa zikope. Ndipo popeza kusendako kumadula timitsempha timene timauza diso kuti litulutse misozi, ambiri amamva m'maso ngati muli mchenga kwa miyezi 6, ena chaka, ndipo owerengeka sachira konse; kabotolo ka misozi yopanga kanalowa m'thumba la wodwala chifukwa cha iwowa. Ngakhale laser yatsopano imene lero imasenda kachivindikiroko m'malo mwa mpeni inabadwa m'ngozi, pamene wophunzira wina pa yunivesite ya Michigan anawombedwa nayo m'diso mu 1993, dokotala womupima nazizwa ndi udongo wa balalo.

Ine ndikaisinkhasinkha mbiri yonseyi, ndimaona kuti dzanja la dokotala lafulumira modabwitsa, koma mnofu wa munthu ukuchirabe pa liwiro limene Namalenga anauikira, ndipo ntchito imene kale inali ya namwino ndi matumba amchenga tsopano yasenzetsedwa mwini diso ndi a pabanja pake. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo mawuwa amgwera kwambiri amene akuchira maso. Sindivomerezana nawo otsatsa malonda amene amati munthu angathe kuchitidwa opaleshoniyi pa nthawi ya nkhomaliro ndi kubwerera ku ntchito, pakuti amatchula mphindi za dokotala nabisa miyezi ya wodwala, ndiponso kawirikawiri sanena kuti munthu akapitirira zaka 40 magalasi owerengera adzawafunabe.

Kwa abale athu amene amapita ku Johannesburg kapena ku India kukachitidwa opaleshoniyi ndi kubwerera msanga chifukwa cha mtengo wa malo ogona, katunduyu ngolemera koposa, popeza amasiya dokotala wawo kutsidya, nadzafikira mu fumbi la mwezi wa October ndi utsi wa nkhuni wa m'khitchini. Palinso chiyeso china cha kwathu kuno, chimene chimadza ndi chikondi: agogo kapena azakhali, poona diso likufiira, amabwera ndi madzi a masamba kuti adontheze. Kafukufuku amene Paul Courtright ndi Susan Lewallen anachita ndi anzawo ku Chikwawa, amene anatuluka mu 1994, anapeza kuti pafupifupi mmodzi mwa odwala atatu a matenda a cornea anali atathira kale mankhwala achikuda asanafike ku chipatala. Pa diso limene lasendedwa dzana, dontho limodzi lotero lingathe kulowetsa matenda amene mapeto ake ndi chipsera chosachoka.

Chotero inu amene mukulingalira za ulendo umenewu, musanagule tikiti, pezani dokotala wa maso kuno kwathu, kaya ku Lions Sight First ku Blantyre, ku Kamuzu Central ku Lilongwe kapena ku Nkhoma, amene adzakupimeni mukabwerera, ndipo mutenge kalata yofotokoza zonse zimene zachitidwa pa diso lanu, chifukwa idzafunikanso tsiku limene ng'ala idzakupezeni muukalamba. Sambani m'manja musanadontheze mankhwala, akaneni mwaulemu agogo ndi masamba awo, ndipo ululu ukamakula m'malo mochepa, diso likayamba manthongo, kapena kupenya kumene kunabwera kukayamba kuchoka, musadikire kuti kuche kawiri. Pitani ku chipatala tsiku lomwelo.