Mcere usanabwere m'mapaketi

Abale anga a ku Mecanhelas, ku Mandimba ndi a tsidya lija la Malawi, lero mcere timagula pamsika ndi ndalama zocepa, koma makolo athu ankaukhetsera thukuta. Pa nchito yanga ya pawailesi kuno ku Lichinga ndimaceza ndi agogo ambiri, ndipo tikafika pa mbiri ya mcere, amachula nyanja ya Chilwa, imene m'Cipwitikizi amati Chirua.

Nyanjayi ilibe mtsinje woturutsa madzi. Mitsinje imathiramo, dzuwa n'kumaumitsa, mcere n'kutsalira m'dothi. David Livingstone atafikako mu 1859 anapeza madzi ake ali amcere. M'cilimwe amayi ankapala dothi loyererako la m'mphepete, kuliika mumphika woboola pansi woyalamo udzu, n'kuthirapo madzi. Madziwo ankasungunula mcere n'kudonthera mumphika wina, dothi n'kutsala pamwamba. Kenaka ankawawiritsa mpaka kuphwa, pansi n'kutsala mcere. Nchitoyi inkadya nkhuni zambiri, n'cifukwa cake mcere unali cuma cosinthanitsa ndi makasu, nsaru ndi cakudya. Unkalemekezedwanso pamwambo: mayi amene ali kumwezi sankathira mcere m'ndiwo poopa mdulo.

Okhala kutali ndi dothi lotere ankaocha zomera n'kusefa phulusa lake mwa njira yomweyo. Cidulo cophikira therere n'cotsalira ca luso limeneli.

Nzeruyi ndi imodzimodzi ndi ya akatswiri a sayansi: madzi amatenga cimene cimasungunuka n'kusiya zinyalala. Mu 1879 Franz von Soxhlet wa ku Germany anapanga cipangizo ca galasi cimene cimatenthetsa mankhwala amadzimadzi n'kuwadutsitsa kambirimbiri m'cinthu couma kuti akoke mafuta ake. Cikugwirabe nchito mpaka pano.

Komabe tisaiwale mbali ina. Nthaka ya kumapiri, kutali ndi nyanja yaikulu, imasowa ayodini, ndipo kuno ku Niassa cithokomiro cinavutitsa anthu ambiri. Kusowa kwa ayodini mwa mayi woyembekezera kumaononganso nzeru za mwana. Ku Switzerland, dziko lamapirinso, anayamba kuthira ayodini mumcere mu 1922 ndipo matendawa anacepa.

Conco ine ndimati luso la cidulo tiwaphunzitse ana athu lisafe, koma pogula mcere wa tsiku ndi tsiku tiyang'ane paketi yolembedwa kuti "sal iodado".