Kusintha defrost timer ya firiji: yezani kaye musanagule

Firiji ikasiya kuzizira m'chipinda cha m'munsi pamene firiza yake ikadali yoziziritsa, anthu ambiri amathamangira kunena kuti gasi watha. Kawirikawiri sizikhala choncho. M'mafiriji odzisungunulira okha ayezi, amene amalembedwa kuti frost free kapena no frost, chizindikiro chimenechi chimaloza ku zipangizo zosungunulira ayeziyo. Chimodzi mwa izo ndi defrost timer, kachipangizo kokwana m'dzanja komwe mtengo wake ndi wochepa zedi poyerekeza ndi wa firiji yatsopano.

Kuseri kwa khoma la m'kati mwa firiza kuli mapaipi opindapinda amene amazizira kwambiri. Fani imakoka mphepo yozizira pa mapaipiwa n'kuitumiza m'zipinda zonse ziwiri. Koma chinyezi chimene chimalowa chitseko chikatsekulidwa chimaundana pa mapaipiwo, ndipo chikachuluka chimatseka njira ya mphepo. Ntchito ya timer ndi kuletsa zimenezi. Ili ndi kamota koyenda pang'onopang'ono ngati wotchi, ndipo pakatha maola 6, 8 kapena 12, malinga ndi mtundu wa firiji, imazimitsa kompuresa ndi fani n'kuyatsa hita imene ili pafupi ndi mapaipi kwa mphindi 20 mpaka 30. Madzi osungunukawo amatsikira m'kambale ka kumbuyo kwa firiji, momwe amauma okha.

Timer imawonongeka m'njira ziwiri. Ikaima pa gawo loziziritsa, hita siyakanso. Ayezi amakuta mapaipi mpaka kuonekera pa khoma la firiza, mkaka ndi ndiwo za m'munsi n'kuyamba kusasa ngakhale kompuresa ikulira osapuma. Ikaima pa gawo losungunula, firiji yonse imangoti zii: babu la m'kati limayaka koma kompuresa sidzuka, ndipo nyama ndi nsomba zimasungunuka.

Vuto ndi loti hita yopsa, kapena thermostat yaing'ono yomangiriridwa pa mapaipi imene imazimitsa hita ayezi akatha, imabweretsa chizindikiro chofanana ndi choyambacho. Nchifukwa chake kugula timer musanayeze ndi kutaya ndalama.

Kachipangizoka kamapezeka kumbuyo pafupi ndi kompuresa, kunsi kwa chitseko, kapena m'kabokosi ka m'kati komwe kuli chopotokola chosinthira kuzizira. Kali ndi kabowo kolowa sikuludiraiva yaphwatalala. Firiji ikuyaka, zungulitsani pang'onopang'ono motsata mmene mivi ya wotchi imayendera, osabwerera m'mbuyo, ndipo osakhudza waya aliyense. Mukamva kuti tcha, kompuresa ndi fani ziyenera kuima. Dikirani. Ngati hita yatentha, ayezi n'kuyamba kudontha, koma pakutha kwa mphindi 40 firiji osadzuka yokha, ndiye kuti kamota ka timer kafa. Ngati hita siinatenthe n'komwe, kaikirani hitayo kapena thermostat, ndipo apa ndi bwino kuitana mmisiri wokhala ndi mita yoyezera magetsi.

Kusinthako sikuvuta. Zulani pulagi pakhoma. Kungozimitsa swichi sikokwanira. Jambulani ndi foni mmene mawaya alumikizidwira, chifukwa timer zambiri zili ndi mano anayi olembedwa 1 mpaka 4 ndipo dongosolo la manambalawa silifanana m'mitundu yonse. Waya wa hita akalowa pa malo a kompuresa, firiji imatha maola ambiri yosaziziritsa n'kumangodzuka kwa mphindi zochepa. Masulani tizitsulo togwira timer, sololani mawaya pogwira pamutu pake osati powakoka, ndipo yakaleyo pitani nayo kusitolo kuti akufananitsireni.

Pogula, werengani zolembedwa pa chipangizocho. Magetsi a m'Malawi muno ndi a mavoti 230 pa 50 Hz, choncho timer iyenera kukhala ya 220 mpaka 240 V. Zopangidwira msika wa ku America, za 115 V pa 60 Hz, zimaoneka chimodzimodzi kunja koma zimapsa zikangolumikizidwa. Onaninso kuti maola ndi mphindi zolembedwapo zikufanana ndi za yakale ija.

Musanayatse firiji, lolani ayezi yense wakale asungunuke, zitseko zili chitsegukire, ngakhale zitatenga tsiku lathunthu. Hita inapangidwa kuti izichotsa chisanu cha maola ochepa, osati chimulu cha masabata, ndipo ambiri amene amadandaula kuti timer yatsopano siikugwira ntchito amakhala atalumpha sitepe imeneyi. Musagwiritse ntchito mpeni pokokota ayezi. Mapaipi aja ndi opyapyala, ndipo mukawaboola gasi amathawadi; gasi wa R600a amene ali m'mafiriji ambiri atsopano amagwiranso moto.

Si firiji iliyonse ili ndi kachipangizoka. Zachitseko chimodzi, zomwe mwini wake amazizimitsa kuti ayezi asungunuke, zilibe timer. Zambiri zatsopano zokhala ndi manambala owala pachitseko zimayendetsedwa ndi bolodi la zamagetsi, lomwe lilibe kabowo kozungulitsa, ndipo likawonongeka kuliyeza ndi kulisintha ndi ntchito ya mmisiri.