Johann Olav Koss: Katswiri wa pa Madzi Oundana ndi Mpira wa Malaya

M'chigawo chathu cha mbiri lero tipita ku Norway, dziko la kumpoto kwa Ulaya, kumene nyanja zimauma gwa ngati mwala m'nyengo yachisanu. Tikamba za Johann Olav Koss, mmodzi wa akatswiri othamanga pa madzi oundana, ndipo funso lathu ndi ili: kodi kutchuka kumene munthu wakupeza ndi thukuta lake kumagwira ntchito yanji mpikisano ukatha?

Popeza ambiri a ife sitinawaonepo maseŵera ameneŵa, tiyambe tawalongosola. Wothamanga amavala nsapato zokhala ndi chitsulo chachitali, chopyapyala ngati mpeni kunsi kwake, ndipo amatsetsereka pa bwalo la madzi oundana lotalika mamita 400 kuzungulira. Amathamanga aŵiriaŵiri, koma mdani weniweni ndi wotchi, pakuti wopambana ndi amene watenga nthaŵi yochepa mwa onse. Pa mtunda wa mamita 10,000 munthu amazungulira bwalolo ka 25, ataŵerama, manja ali kumbuyo.

Koss anabadwa pa 29 October 1968 m'tauni ya Drammen. M'chaka cha 1990 ndi cha 1991 anapambana mpikisano wa dziko lonse umene amaphatikiza mitunda yaifupi ndi yaitali. Koma pa tsiku lotsegulira maseŵera a Olympic a nyengo yachisanu ku Albertville, m'dziko la France, mu 1992, iye anali gone m'chipatala chifukwa cha nthenda ya m'mimba yochititsidwa ndi kamwala ka m'ndulu. Atatuluka anakhala wachisanu ndi chiŵiri pa mamita 5,000. Patapita masiku oŵerengeka anatenga mendulo ya golide pa mamita 1,500 ndi ya siliva pa mamita 10,000.

Maseŵera otsatira anali oti achitikire kwao, ku Lillehammer, mu 1994. Okonza maseŵerawo anakhazikitsa thumba la chithandizo lotchedwa Olympic Aid, lothandiza anthu a m'maiko a nkhondo, ndipo anapempha Koss kuti akhale kazembe wake. Ndi chifukwa chake mu 1993, kutatsala miyezi yochepa kuti apikisane, anapita ku Eritrea, dziko la kuno ku Africa limene linali litangolandira ufulu pambuyo pa nkhondo ya zaka 30.

Iye mwini wakhala akusimba zimene anaona kumeneko. Pakati pa anyamata amene anakumana nao panali mmodzi amene anzake onse ankamufuna. Atafunsa chifukwa chake, anamuuza kuti ndiye yekha amene anali ndi malaya a manja aatali. Malayawo ankawavula, kuwakulunga, ndi kumanga mfundo ndi manja ake aja, basi mpira wapezeka. Mnyamatayo akapanda kubwera, tsiku limenelo kunalibe maseŵera. Inu amene munakankhapo chikulunga pa bwalo la fumbi mukudziŵa kuti nkhaniyi si yachilendo. Koss anawalonjeza anawo kuti adzabweranso ndi mipira yeniyeni.

Mipikisano ya pa madzi oundana inachitikira m'tauni ya Hamar, m'nyumba yotchedwa Vikingskipet, imene denga lake analimanga ngati ngalaŵa yamakedzana yovundikira. Pa 13 February 1994 Koss anathamanga mamita 5,000 m'mphindi 6 ndi masekondi 34.96. Pa 16 February anathamanga mamita 1,500 m'mphindi imodzi ndi masekondi 51.29. Pa 20 February anamaliza mamita 10,000 m'mphindi 13 ndi masekondi 30.55. Pa mitunda itatu yonseyi anatenga golide, ndipo panalibe munthu m'dziko lonse amene anathamangapo msanga chotere. Pa mtunda womalizawo anadula masekondi pafupifupi 13 pa nthaŵi yake yakale, ndipo wachiŵiri, Kjell Storelid, anatsalira ndi masekondi oposa 18. M'maseŵera amene anthu amasiyana ndi kuphethira kwa diso, mpata wotere ndi waukulu zedi.

Apa ndi pamene pali phata la nkhani yathu. Atapambana mamita 1,500, atolankhani onse akumumvetsera, Koss analengeza kuti ndalama za mphotho yake, pafupifupi madola 30,000, azipereka ku Olympic Aid. Anapemphanso munthu aliyense wa ku Norway kuti apereke makorona 10, ndalama ya kwao, pa golide aliyense amene dziko lao lipate. Dziko la anthu ongopitirira mamiliyoni 4 linamvera, ndipo thumbalo linasonkhanitsa madola okwana mamiliyoni 18. Zina mwa ndalamazo zinathandiza anthu a mu mzinda wa Sarajevo, umene unachititsa maseŵera omweŵa mu 1984 koma pa nthaŵiyo unali utazingidwa ndi nkhondo, ndipo zina zinapita ku Eritrea.

Maseŵera atatha, Koss anakwera ndege yodzaza ndi mipira ndi zipangizo zina zimene ana a ku Norway anasonkha, kubwerera ku Eritrea monga analonjezera. Sikuti onse anamuyamikira ayi. Ena kwao anamudzudzula, nati ndi kupanda nzeru kutengera mipira anthu osoŵa chakudya. Chidzudzulo chimenechi sichopepuka, pakuti mwana wanjala sadya mpira. Koma Koss anaumirira kuti mwana si mimba yokha. Amene wakulira m'phokoso la mfuti amafunikanso kuseka, kuphunzira kutsata malamulo, ndi kugonja popanda kubwezera. Pangano la United Nations la 1989 lonena za ufulu wa ana nalonso likuti kuseŵera ndi ufulu wa mwana aliyense.

Chaka chomwecho cha 1994, ali ndi zaka 25 zokha, analeka kupikisana. Anaphunzira udokotala ku yunivesite ya Queensland ku Australia, koma mtima wake unali pa ntchito ija. Mu 2000 Olympic Aid inasanduka bungwe loima palokha, ndipo mu 2003 inatchedwa Right To Play, kutanthauza ufulu wa kuseŵera, likulu lake lili ku Toronto, m'dziko la Canada. Koss analitsogolera mpaka 2015. Bungweli limaphunzitsa aphunzitsi ndi alangizi a m'midzi kugwiritsa ntchito maseŵera pophunzitsa ana kuŵerenga, ukhondo ndi kukhala mwamtendere, ndipo lagwira ntchito m'maiko monga Mozambique, Tanzania, Uganda ndi Rwanda, kuphatikizapo m'misasa ya anthu othaŵa nkhondo.

Nanga nthaŵi zake zodabwitsa zija zinatani? Sizinakhalitse. Patangopita zaka zochepa kunabwera nsapato zatsopano, zimene chitsulo chake chimalekana ndi chidendene kuti chikhalitse pa madzi oundanawo. Mu 1998, ku Nagano m'dziko la Japan, Gianni Romme wa ku Netherlands anathamanga mamita 10,000 m'mphindi 13 ndi masekondi 15.33. Chimene dziko linachigoma mu 1994 chinapitiriridwa m'zaka 4 zokha.

Akuluakulu anati kupatsa n'kuika. Koss anazindikira kuti dziko lidzamumvetsera kwa masiku oŵerengeka okha, ndipo masikuwo anawagwiritsa ntchito polankhulira ana amene analibe wowalankhulira. Liŵiro lake ena analiposa kalekale, koma ntchito imene inayambira pa malaya a mnyamata wa ku Eritrea ikupitirirabe.