SMA: matenda ofooketsa makanda omwe tsopano ali ndi mankhwala

Mwana amabadwa bwinobwino, koma pakapita miyezi ingapo khosi silikulimba, miyendo ili lobodoka, kuyamwa kukumuvuta ndipo akamapuma mimba ndi imene imakwera kwambiri. Maso ake amakhala ochangamuka ndithu, chifukwa nzeru zake sizikhudzidwa. Zizindikiro zotere zingakhale za spinal muscular atrophy, mwachidule SMA, matenda akumtundu omwe amagwira mwana mmodzi mwa ana pafupifupi 10,000 obadwa.

Gwero lake linadziwika mu 1995, pamene gulu la Judith Melki ku France linapeza jini yomwe imayambitsa matendawa, yotchedwa SMN1. Majini tikunena pano si mizimu ija ayi, koma malangizo a chibadwa olembedwa mu DNA, omwe timatengera kwa makolo. SMN1 imapanga puloteni yosunga moyo wa maselo a mumsana omwe amalamula minofu kuti igwire ntchito. Ikasowa, maselowo amafa ndipo minofu imafota.

Mwana amadwala akatengera jini yowonongeka kwa bambo ndi mayi omwe. Makolowo amakhala athanzi, osadziwa kanthu, ndipo pa mimba iliyonse mpata woti mwana adwale ndi umodzi mwa inayi. Choncho kuloza mayi yekha chala, monga zimachitikira m'mabanja ena, n'kumulakwira.

Ofufuza anapezanso kuti thupi lili ndi jini ina yofanana nayo, SMN2, koma imapanga puloteni yochepa. Mankhwala a nusinersen, omwe anavomerezedwa ku America mu 2016, amaikakamiza kupanga yambiri. Amabayidwa pamsana, ndipo ma dozi oyamba akatha amabwerezedwa miyezi inayi iliyonse. Risdiplam wa mu 2020 amagwira ntchito mofananamo koma ndi wakumwa tsiku lililonse. Zolgensma, wa mu 2019, amalowetsa jini yabwino m'thupi kamodzi kokha. Kale ana ambiri odwala mtundu woopsa wa SMA ankamwalira asanakwanitse zaka ziwiri. Lero ena amakhala tsonga, ena amayenda kumene.

Chovuta n'chakuti maselo akafa sabwerera. Mankhwala amathandiza kwambiri akaperekedwa zizindikiro zisanayambe, n'chifukwa chake mayiko ngati America ndi Germany amayeza SMA pa magazi otengedwa kuchidendene cha khanda likangobadwa. Mtengo nawonso ndi wodetsa nkhawa: Zolgensma anayamba kugulitsidwa pa madola 2.1 miliyoni, ndalama zoti banja wamba silingazione.

Ngakhale mankhwalawa atakhala patali, kudziwa dzina la matenda kumasintha chisamaliro. Achipatala angathandize mwana ndi mafizo, kadyetsedwe komuteteza kutsamwa, katemera komanso kuchiza chifuwa msanga, pakuti chibayo ndi chimene chimapha ambiri. Si mwana aliyense wofooka amene ali ndi SMA, choncho ngati wanu wafika miyezi inayi asakulimbitsa khosi, auzeni a kusikelo kuti akutumizeni kwa dokotala wa ana.